Katie Johnson: Gogo amene adatchuka ali ndi zaka 77

Ndiulule poyamba pomwe kuti filimu ya The Ladykillers ndidaionera mochita kukakamizidwa. Tili kukoleji, aphunzitsi ena adatiuza kuti tikaionere kenako tilembe za mmene kamera idagwirira ntchito. Nditaona kuti ndi ya 1955, ndidayamba kudandaula bandulo yanga. Ndinkadziwa kuti mphindi khumi zisanathe ndikhala nditagona. Koma zidatembenuka. Za kamera ndidaiwala, maso anga adakakamira pa gogo wina wamfupi, wovala kachipewa, ambulera ili m'manja, akuyenda pang'onopang'ono kulowera kupolisi. Filimu itatha ndidabwezera kumbuyo kuti ndione dzina lawo. Katie Johnson. Ndinali ndisanalimvepo, ndipo ndikukhulupirira kuti ambiri a inu ndi koyamba lero.

Ifeyo tikamaonera filimu funso lathu limakhala limodzi basi: ekita ndi uti? Tikamudziwa, ena onse timangowatenga ngati mipando ya m'nyumba. Komatu filimu siyenda ndi ekita yekha. Pamafunika mayi wa pagolosale, wantchito wotsegula chitseko, neba wamiseche, azakhali olongolola. Angerezi ali ndi dzina la anthu amene amasewera mbali zoterezi, amati character actor. Nkhope zawo umazidziwa, koma maina ayi. Amalowa mphindi ziwiri, n'kukusekesa kapena kukuopsa, kenako n'kuzimiririka. Katie Johnson adagwira ntchito imeneyi pafupifupi moyo wawo wonse.

Adabadwa pa 18 November 1878 m'mudzi wa Clayton, m'dera la Sussex, kummwera kwa England. Dzina lawo lenileni linali Bessie Kate Johnson. Nthawi imeneyo pampando panali Mfumukazi Victoria, ndipo chinthu chotchedwa filimu kunalibe. Pamene abale awiri a banja la Lumière ankaonetsa anthu olipira zithunzi zoyenda ku Paris mu December 1895, Katie anali kale mtsikana wa zaka 17. Ndiye kuti gogo amene adadzawina mphoto ya filimu anali wamkulu kuposa filimuyo. Ntchito yawo idayambira pasiteji, m'zaka za m'ma 1890, adakali achichepere.

Moyo wa anthu azisudzo masiku amenewo sunali wa pamwamba ayi. Magulu ambiri ankayendayenda pasitima, sabata ino tauni iyi, sabata yamawa ina. Ankagona m'zipinda zalendi, m'nyumba za amayi amene ankakhala ndi malamulo awoawo a nthawi yotseka chitseko ndi yozimitsa nyale. Kunalibe maikolofoni, choncho mawu ako ankayenera kufika mpando wakumbuyo pawokha. Ukalakwitsa, panalibe zoti tibwerezenso. Anthu ankakuona pompo. Sukulu imeneyi ndi imene idaumba ochita zisudzo a m'badwo wa Katie.

Mu 1908 adakwatiwa ndi mnzawo wazisudzo, Frank Goodenough Bayly, ndipo adabereka ana aamuna awiri. Bamboyo adamwalira mu 1923. Katie adatsala wamasiye ali ndi zaka za m'ma 40, ana akadali pasukulu. Pa msinkhu umenewo mkazi wazisudzo amakhala kuti mbali za namwali wokondedwa zidamudutsa kalekale. Zotsala zimakhala za amayi, azakhali ndi antchito. Iwo adazilandira n'kupitiriza ntchito.

Chimene chidawatsegulira khomo la mafilimu ndi zinthu ziwiri zimene zidachitika nthawi imodzi. Choyamba, mafilimu adayamba kuyankhula. Ku America kudatuluka The Jazz Singer mu 1927, ku Britain Alfred Hitchcock adatulutsa Blackmail mu 1929. Mwadzidzidzi makampani adayamba kusaka anthu odziwa kutulutsa mawu bwino, ndipo anthu otere anali pasiteji. Chachiwiri, mu 1927 momwemo nyumba ya malamulo ya Britain idakhazikitsa lamulo lokakamiza nyumba zoonetsera kanema kuti gawo lina la mafilimu ake likhale la ku Britain konko, pofuna kuchepetsa mphamvu ya Hollywood. Zotsatira zake, kudabadwa mafilimu ambirimbiri otchipa, ojambulidwa mothamanga. Ambiri anali osakoma, koma adapatsa anthu ntchito. Katie adaoneka koyamba pa kanema mu 1932, mufilimu ya After Office Hours. Anali atadutsa zaka 50. Taganizani, pa msinkhu umene ena amayamba kuwerengera za penshoni, iwo ankaphunzira kuima kutsogolo kwa kamera.

Kuchokera apo zidatsatira zaka zoposa 20 za timbali ting'onoting'ono. Apa ndi wantchito, apo ndi gogo wa pakhomo loyandikana, kwina ndi kasitomala. Nthawi zina ngakhale dzina lawo silinkalembedwa n'komwe. Koma pali mbali ziwiri zimene, ukaziona lero, umazindikira kuti luso linalipo kale, ankangosowa olipatsa mpata.

Yoyamba ili mufilimu ya 1946 yotchedwa I See a Dark Stranger, imene adatsogolera Frank Launder. Ekita wake ndi Deborah Kerr, amene akusewera mtsikana wa ku Ireland wodana ndi Angerezi mpaka kuyamba kuthandiza akazitape a Germany. Mtsikanayo akukwera sitima kuti akapereke uthenga kwa munthu amene sakumudziwa nkhope. M'chipindamo muli anthu angapo, ndipo mmodzi mwa iwo ndi gogo waulemu, wooneka wosalakwa. Apolisi atabwera, amene akumunyamula ndi gogoyo. Kazitape anali iyeyo! Nthabwala yake yagona pa nkhope ya Katie: palibe amene angaiganizire choipa. Sungani dzina la Deborah Kerr, tikumana nalonso.

Yachiwiri ndi ya pa TV. Mu 1953 BBC idaonetsa The Quatermass Experiment, sewero la magawo 6 lolembedwa ndi Nigel Kneale, lokamba za roketi imene yabwerera kuchokera mumlengalenga itanyamula zoopsa. Linkaulutsidwa pompopompo, ochita sewero akusewera anthu akuonera, ndipo magawo awiri oyamba okha ndi amene adasungidwa. Mwamwayi Katie ali m'gawo loyamba. Ndi Miss Wilde, gogo amene roketiyo yagwera panyumba pake ku Wimbledon. Asayansi, apolisi ndi atolankhani ali pikitipikiti, koma gogoyo mtima uli pa mphaka wake. Apanso ndi chimodzimodzi: dziko likugwedezeka, iwo ali phee m'dziko lawolawo.

Tsopano tifike ku Ealing. Iyi inali situdiyo ya kumadzulo kwa London imene ankayendetsa Michael Balcon, ndipo idatchuka ndi mafilimu anthabwala nkhondo yachiwiri itatha. Mu 1949 mokha idatulutsa Passport to Pimlico, Whisky Galore! ndi Kind Hearts and Coronets. Mu 1951 kudabwera The Lavender Hill Mob ndi The Man in the White Suit. The Ladykillers adailemba William Rose, wa ku America wokhala ku Britain, amene ankanena kuti nkhani yonse adachita kuilota. Dairekita anali Alexander Mackendrick, wobadwira ku Boston koma wokulira ku Scotland. Gulu la mbava lidadzaza ndi maina: Alec Guinness, Cecil Parker, Herbert Lom, Danny Green ndi mnyamata wina wa pawailesi, Peter Sellers. Chidatsala ndi kupeza gogo.

Nkhani imene olemba mbiri ya filimuyi amaibwereza ndi yakuti akuluakulu a situdiyo poyamba adamukana Katie. Ankaopa kuti pa zaka 76 ndi wofooka, sangathe kupirira ntchito yojambula. Adasankha mayi wina wocheperako msinkhu, koma mayiyo adamwalira ntchito isanayambe. Ndiye adabwerera kwa gogo yemwe adamukana uja. Kunena zoona, nkhaniyi ikufanana kwambiri ndi filimu yeniyeniyo, mmene aliyense woderera gogo amathera pansi iye ali chilili.

Amene simufuna kudziwiratu mathero mundikhululukire, filimu ya 1955 siibisidwanso. Katie akusewera Mrs Wilberforce, mkazi wamasiye wa kapitawo wa sitima ya pamadzi. Amakhala ndi zinkhwe zake m'kanyumba kopendekeka, kumapeto kwa msewu pafupi ndi siteshoni ya King's Cross, pamwamba penipeni pa malo amene njanji imalowa pansi. Zithunzi za pakhoma sizikhala mowongoka, ndipo kuti madzi atuluke amayamba amenya paipi ndi hamala. Kupolisi amamudziwa bwino chifukwa amakonda kukanena tinkhani topanda mutu, ndipo apolisi amangomumvera mwaulemu kuti azipita.

Tsiku lina pakhomo pakufika bambo wa mano otuluka, wodzitcha Professor Marcus, kudzafuna zipinda zalendi. Akuti iye ndi anzake anayi ndi oimba, akufuna malo ophunzirira nyimbo. Zoona zake n'zakuti ndi mbava zimene zikukonza zobera galimoto yonyamula ndalama. Akadzitsekera m'chipinda amaika rekodi ya nyimbo ya Boccherini kuti gogo aziganiza kuti akuimba. Vuto ndi lakuti gogoyo ndi wokoma mtima mopitirira. Mphindi iliyonse akugogoda, abweretsa tiyi, apempha thandizo logwira chinkhwe chimene chathawa. Mbavazo zikuba mapaundi 60,000, n'kutuma gogo yemweyo, asakudziwa kanthu, kuti akatenge bokosi la ndalamazo kusiteshoni. Panjira akuona wogulitsa zipatso akuzunza hatchi, akutsika mu takisi ndi ambulera yake, ndipo chisokonezo chake chikuthera kupolisi. Mapeto ake bokosi la ndalama zakuba likufika kunyumba litanyamulidwa ndi apolisi enieniwo.

Zonse zikanatha bwino, koma potsazika lamba wa chikwama cha chida choimbira akukodwa pachitseko. Chikwama chikutseguka, ndalama mbwee pamaso pa gogo. Apa ndi pamene Katie akuonetsa chimene adaphunzira zaka zonse zija. Sakukuwa. Sakukomoka. Nkhope ikungosintha pang'ono, ngati mphunzitsi amene wapeza ana akuba choko. Akuwauza kuti ndalama zibwezedwe basi. Azibambo asanu, ena onyamula mipeni ndi mfuti, akuima ngati ana a Sitandade 2. Anzake a gogoyo, nawonso okalamba, akufika kudzamwa tiyi, ndipo mbava zikukakamizika kukhala pansi, kugwira makapu ndi kuimba nawo. Usiku zikugwirizana zomupha, zikuchita maere ndi timitengo ta machesi, koma palibe amene akulimba mtima. M'malo mwake zikuphana zokhazokha, mitembo n'kumaponyedwa m'mabogi a sitima zodutsa kuseri kwa nyumba. Wotsala yekha, Professor, akumenyedwa m'mutu ndi chikwangwani cha njanji n'kugwera momwemo. Nthawi yonseyi gogo ali mtulo pampando.

Nditaionera kachiwiri ndidayamba kufufuza chimene chimapangitsa kuti gogoyu awine pakati pa akatswiri onsewo. Yankho langa ndi ili: aliyense mufilimumo akuchita sewero, kupatula iye. Guinness wavala mano oikirira, akuyenda mozemba, akuseka moopsa. Lom akukwinya nkhope. Sellers akujijirika. Katie sakuchita chilichonse chofuna kukusekesa. Akukhulupirira ndi mtima wonse kuti alendo ake ndi oimba, kuti tiyi ndi wofunika, kuti kuba n'kulakwa. Akanangotsinzinira diso kamodzi kokha kutiuza kuti akudziwa kuti ndi nthabwala, filimu yonse ikanagwa. Kudziletsa kotereku sikubwera ndi mwayi. Kumabwera munthu ukakhala zaka zambiri pambali, ukumvetsera anzako akuyankhula, ukudikira mzere wako umodzi. Komanso gogoyu si mngelo. Filimu ikuyamba, akusuzumira khanda mu pulema ndipo khandalo likulira. Kulikonse kumene wadutsa akusiya chisokonezo, iye osazindikira. Katie adagwira mbali zonse ziwiri, kukoma mtima ndi kuopsa kwake, popanda kutaya imodzi.

Pali malo amodzi amene nthabwala zimaima kaye. Mrs Wilberforce akukumbuka phwando la tsiku limene adakwanitsa zaka 21, pamene uthenga udafika woti Mfumukazi yamwalira, anthu onse n'kubalalika mwakachetechete. Victoria adamwalira pa 22 January 1901. Tsiku limenelo Katie Johnson weniweni anali ndi zaka 22. Sankachita kuyerekeza nthawi imene adangoiwerenga m'buku. Adaiona ndi maso. Ichi n'chifukwa chake ambiri amati gogoyu akuimira Britain wakale, wopendekeka ngati nyumba ija koma wokana kugwa. Ngakhale chimodzi mwa zinkhwe zake dzina lake ndi General Gordon, msilikali wa ufumu wa Britain amene adaphedwa ku Khartoum mu 1885. Ife tikamaonera tisaiwale kuti mu 1955 dziko lathu linali Nyasaland, mkati mwa chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, pansi pa Britain yemweyo. Ulemu wa tiyi ndi makapu, wosamva zonena za wina aliyense, makolo athu ankaudziwa mwa njira ina, ndipo kwa iwo sunali woseketsa.

Filimuyi idatuluka mu December 1955, Katie atangokwanitsa zaka 77. Chaka chotsatira, bungwe la British Film Academy, limene lero timalidziwa kuti BAFTA, lidawapatsa mphoto ya mkazi wa ku Britain amene adasewera bwino koposa. Sinali mphoto ya wothandizira ayi, inali yaikulu yeniyeniyo. Pa mndandanda wa opikisana nawo panali Margaret Lockwood, komanso Deborah Kerr, yemwe uja anali ekita pamene Katie anali gogo wa m'sitima zaka khumi m'mbuyomo. Kwa amuna mphoto idapita kwa Laurence Olivier chifukwa cha Richard III. William Rose naye adawina ya wolemba bwino.

Apa ndi pamene nkhani zolimbikitsa za pa WhatsApp zikanathera: dikira, nthawi yako idzakwana, kuona maso a nkhono n'kudekha. Ine ndikukana kuthera pamenepa, chifukwa masamu ake ndi owawa. Katie adangosewera filimu imodzi yokha pambuyo pake, How to Murder a Rich Uncle ya 1957. Adamwalira pa 4 May 1957 ku Elham, m'dera la Kent, ali ndi zaka 78. Kuchokera pamene The Ladykillers idatuluka kufika tsiku la imfa yawo padadutsa miyezi 17 yokha. Amuna amene adasewera nawo adapitirira. Guinness adawina Oscar ndi The Bridge on the River Kwai, ndipo achinyamata ambiri amamudziwa ngati Obi-Wan Kenobi wa mu Star Wars ya 1977. Sellers ndi Lom adakatchuka ndi mafilimu a Pink Panther. Mackendrick adapita ku America kukapanga Sweet Smell of Success. Situdiyo ya Ealing idagulitsidwa ku BBC mu 1955 momwemo. Gogo amene adanyamula filimu yonse pamsana ndi amene adadya zochepa.

Ndiye funso langa si lakuti Katie adadekha bwanji. Funso ndi lakuti, luso limene lidaoneka mu 1955 linali kuti mu 1935 kapena mu 1945? Linali pomwepo, likutsegula zitseko ndi kubweretsa tiyi m'mafilimu a anthu ena. Chimene chinkasowa ndi wolemba woti aike mayi wachikulire pakati pa nkhani, ndi bwana wolimba mtima woti amukhulupirire. Ngakhale mpata utapezeka, adatsala pang'ono kuwamana poganiza kuti akalamba. Ndi a Katie angati amene adafa mpata wawo usanafike? Amenewo sitingawalembe, chifukwa maina awo sitiwadziwa.

Mbali imene adaisiya idakali moyo. Mu 1999 bungwe la British Film Institute lidaika The Ladykillers pa nambala 13 pa mndandanda wa mafilimu 100 abwino a ku Britain. Mu 2004 abale a Coen adaipanganso, nkhani n'kuisamutsira ku Mississippi, Tom Hanks ali Professor. Chodabwitsa n'chakuti amene adabwera ndi mphoto kuchokera ku Cannes si Hanks, koma Irma P. Hall, mayi wachikuda amene adasewera gogo. Mu 2011 Graham Linehan adaisandutsa sewero la pasiteji ku England. Zikuoneka kuti aliyense amene wakhudza nkhaniyi amapeza chomwecho: mbava zikhoza kukhala zisanu, koma mwini filimu ndi gogo.

Ine ndili m'zaka za m'ma 20, ndipo ndimadziwa matenda a m'badwo wathu chifukwa nanenso ndimadwala. Ukaponya kanthu pa Facebook kapena TikTok, ola limodzi likatha anthu osakaona, umayamba kudzifunsa ngati uli ndi phindu. Mnzako wa m'kalasi akatchuka, iwe tulo osabwera. Mbiri ya Katie siyikundilonjeza kuti ndidzatchuka pa zaka 77, ambiri sizichitika. Chimene ikundiuza n'chakuti ntchito yaing'ono ndi ntchito ndithu. Munthu amene adapatsidwa mphindi ziwiri m'sitima adazisewera mokwanira, osadziwa kuti kudzabwera china. Tsiku limene mbali yaikulu idafika, sadachite kuyamba kuphunzira. Anali wokonzeka kuyambira kale.

China chimene chimandikhudza ndi mathero a filimuyo. M'mawa kutacha, Mrs Wilberforce akupita kupolisi kukanena zonse mwachilungamo: za kuba, za mbava, za ndalama zimene zili kunyumba kwake. Apolisi akumwetulira, akuganiza kuti gogo wayambanso kulota, ndipo pofuna kuti achoke akumuuza kuti ndalamazo angosunga. Timaseka chifukwa gogo walemera. Koma taonani bwino chimene chachitika: munthu yekhayo amene akunena zoona sakukhulupiriridwa, chifukwa ndi mkazi ndipo ndi wokalamba. Ndidadzifunsa kuti ndi kangati agogo anga akuyankhula, ine maso ali pafoni, ndikungovomera kuti eya, eya, kuti amalize msanga. Sindidasiyane ndi wapolisi uja.

Potuluka kupolisi, gogoyo akuiwala ambulera yake monga mwa masiku onse. Wapolisi akumuthamangira nayo, koma ulendo uno akuikana, poti tsopano akhoza kugula ambiri. Akuponyera wojambula wa m'mbali mwa msewu ndalama yapepala, n'kumapita kwawo pang'onopang'ono, mmene adabwerera. Ngati bandulo ikulolani sabata ino, ifunefuneni filimuyi. Siyifika ngakhale maola awiri. Ndipo filimu ina iliyonse imene muonere, maina akayamba kuyenda musathamangire kutseka. Werengani mpaka mupeze la mayi uja adatsegula chitseko.